Kodi Munthu Angagulitse Thanzi Lake?

Funso loti munthu ali ndi ufulu wogulitsa thanzi lake limaonekera pa moyo wa Junior Seau, yemwe kwa zaka 20 anasewera mpira wa ku America ngati linebacker, kutanthauza wotchinga amene ntchito yake ndi kugunda ndi kugwetsa wonyamula mpira. Atadzipha mu 2012, madokotala anapeza mu ubongo wake matenda a CTE, omwe amadza chifukwa chogundidwa mutu mobwerezabwereza.

Ena amati iye anavomera yekha kuika thanzi lake pachiswe, monga mlimi wa mpunga ku Chama amavomera kulima kumene njovu zimadutsa, koma mfundoyi ndi yofooka, pakuti mlimiyo njovuzo amaziona, pomwe bungwe la NFL, loyendetsa ligi imene iye ankasewera, linavomereza poyera kugwirizana kwa masewerawa ndi CTE mu 2016, Seau atamwalira kale.