Mphamvu za m'nyale ya Aladdin: zinachokera kwa yani?

Aliyense amene anamvapo nthano ya Aladdin amakumbukira nyale yakale yamkuwa ija. Mayi ake a mnyamatayu akuipukuta kuti akaigulitse apeze chakudya, ndipo mwadzidzidzi m'nyalemo mukutuluka jini lalikulu, lokonzeka kuchita chilichonse chimene wogwira nyaleyo angalamule. Libweretsa chakudya m'mbale zasiliva, kenako limanga nyumba yachifumu usiku umodzi. Nthanoyi inafalikira ku Ulaya kudzera mwa Antoine Galland, Mfalansa amene anamasulira nthano za Chiarabu za Alf Layla wa Layla. Iye anaimva ku Paris mu 1709 kuchokera kwa Hanna Diyab, mnyamata wa ku Aleppo m'dziko la Syria. Papita zaka zoposa 300, ndipo omvera amasangalalabe ndi mwayi wa Aladdin. Ndi ochepa amene amafunsa kuti jini lija linalowa bwanji m'nyalemo, ndiponso ngati linavomera kukhala kapolo wa aliyense woipukuta.

Alembi a nkhani zopeka a masiku ano, pamodzi ndi okonza masewera a pa kompyuta, anakulitsa ganizo la nyaleli mpaka kulisandutsa luso lokhala ndi malamulo ake. M'nkhani zawo muli amisiri amene ntchito yawo ndi kuyamwa mphamvu zamatsenga zosungidwa m'mphete, m'malupanga ndi m'mikanda. M'masewera a World of Warcraft, amene anatuluka mu 2004, mmisiri wotere amaphwanya chida chamatsenga n'kutolamo fumbi ndi timiyala tonyezimira, zimene amakalimbitsira chida china. M'masewera a Skyrim, a mu 2011, wofuna kuphunzira chinsinsi cha lupanga lamatsenga ayenera kuliwononga kotheratu. Ndipo mphamvu za lupanga lake zikachepa, amazibwezeretsa ndi miyala imene anatsekeramo mizimu ya zolengedwa zimene anapha. Miyala yakuda ndiyo imasunga mizimu ya anthu.

Tinene poyera kuti zonsezi n'zopeka. Msilamu amadziwa kuti mkuwa ndi mwala zilibe mphamvu mwa izo zokha, kuti mwini mphamvu zonse ndi Allah, ndiponso kuti ufiti ndi tchimo lalikulu. Komabe palibe amene amakhulupirira kuti kalulu amalankhula, koma agogo athu sanaleke kutiphunzitsa nzeru ndi nthano zake. Nkhani za amisiri oyamwa mphamvu nazonso zikutifunsa funso limene limatikhudza kunja kwa masewera: kodi munthu amene wadziwa njira yotulutsira phindu m'chinthu, kudziwako kumamupatsa ufulu wolitulutsa lonse?

Mmisiri wa m'masewera angadziteteze motere. Lupanga ndi langa, ndinalipeza ndi thukuta langa. Mphamvu zikangokhala m'katimo sizithandiza munthu, koma ndikazitulutsa nditeteza nazo mudzi wonse. Mawu amenewa sitingawataye msanga. Mbewu imafera m'nthaka kuti ibale, ndipo mtengo umagwa kuti bwato lisemedwe. Munthu wokana kuwononga kanthu kalikonse angafe ndi njala nkhokwe ili yodzaza. Choncho kuphwanya chinthu kuti upindule nacho si kulakwa nthawi zonse.

Vuto lagona pa mfundo ziwiri zimene mmisiriyu wazilumpha. Yoyamba ndi ya gwero. Mphamvu zili m'lupangamo wina anaziikamo, ndipo nthawi zina anaziikamo ndi moyo wake. Okonza Skyrim sanabise zimenezi: kunyezimira kwa chida kumalipiridwa ndi cholengedwa chimene chinafa. Wosewera amene amangoona kunyezimirako wasankha yekha kusaona imfayo. Aladdin nayenso sanafunsepo jini lija za moyo wake. Kwa iye linali gawo chabe la nyale, ngati chingwe chake kapena mafuta ake.

Mfundo yachiwiri ndi ya zotsala. Larry Niven, mlembi wa ku America, anaiunika bwino m'buku lake la mu 1978 lotchedwa The Magic Goes Away. M'dziko la m'bukuli mphamvu zamatsenga zili ngati madzi a m'chitsime chimene kasupe wake anauma: aliyense wotunga akuchepetsa, ndipo palibe chobwezeretsa. Mfiti ina inatsimikiza zimenezi ndi kambale kamkuwa kamene inakachititsa kuzungulira mosalekeza, mpaka kanayamwa mphamvu zonse za pamalopo, malowo n'kukhala ouma mpaka kalekale. Inazindikira motero kuti zodabwitsa zonse zimene amatsenga ankanyadira zinali kudya chuma cha ana awo. Bukuli linatuluka patangopita zaka zochepa chichitikireni vuto la mafuta a galimoto la mu 1973, ndipo owerenga sanavutike kuona chimene mlembiyo ankaloza.

Ife a m'mphepete mwa nyanja sitikusowa womasulira nkhani ya chitsime chouma. Akuluakulu amakumbukira nthawi imene chambo chinali ndiwo ya tsiku ndi tsiku, pamene lero chasanduka ndiwo ya alendo olemekezeka. Msodzi wokokera khoka la maso ang'onoang'ono m'malo oswanirana nsomba ali ndi luso, ndipo tsiku limenelo apeza ndalama. Koma wachita zomwe anachita mmisiri uja: waphwanya chida kuti atolemo fumbi. Ku chilumba cha Mbenji, m'boma la Salima, mafumu amatseka usodzi kwa miyezi ingapo chaka ndi chaka kuti nsomba ziswane. Iwo anamvetsa kale kuti kudziwa kutunga kumafunika kuyendera limodzi ndi kudziwa kuleka.

Chowawa koposa n'chakuti nyale zina zimene timapukuta ndi anthu. Mwana amene amakumbukira bambo ake pokhapokha akafuna ndalama wawasandutsa nyale. Achibale amene amaimbira foni mnyamata wogwira ntchito ku Johannesburg mwezi ukatha, osamufunsa n'komwe ngati wadya kapena ngati ali ndi pogona, akupukuta nyale. Chimodzimodzi mwini bwato amene amatuma alovi usiku wonse pa mwera n'kuwapatsa zosakwanira ngakhale ufa, ndi mwamuna amene amaona mkazi wake ngati manja ophika ndi kuchapa basi. Onsewa amatulutsa mphamvu mwa munthu mpaka atatheratu, kenako n'kudabwa kuti bwanji sakunyezimiranso.

Chipembedzo chathu chili ndi liwu loyankha funsoli: amana, kutanthauza chinthu chosungitsidwa. Chuma, nyanja, ana, antchito, ngakhale thupi lathu lomwe, tinangosungitsidwa, ndipo tidzafunsidwa za m'mene tinazigwiritsira ntchito. Wosungitsidwa amaloledwa kupindula, koma ayenera kudziwa kumene phindulo lachokera ndi kusiya chosungitsidwacho chili ndi moyo. Apa ndi pamene mlimi amasiyanirana ndi mmisiri wa m'masewera. Onse awiri amatenga, koma mlimi amasunga mbewu.

M'nthano ya Aladdin muli kachigawo kena koyenera kukakumbukira. Mfiti imene inkafuna nyale ija inayendayenda mumzinda ikulengeza kuti ikusinthanitsa nyale zatsopano ndi zakale. Mkazi wa Aladdin, posadziwa chimene chinali m'nyale yakaleyo, anaipereka, ndipo nyumba yachifumu yonse inasamutsidwa iye ali momwemo. Ichi chakoma ichi chakoma pusi anagwa chagada. Musanagulitse bwato limene bambo anasiya, musanatumize uthenga wina wopempha kwa m'bale ali kutali, musanaponye khoka m'nyengo yotseka, dzifunseni kuti mphamvu mukuzifunazo anaziikamo ndani, ndipo mukazitulutsa mutsala chiyani.