Kuona maso a nkhono n'kudekha

Nkhono ukaikhudza imabweza tinyanga take, maso omwe. Uisiye kaye, idzatulutsa yokha. Kufufuza mlandu kumafuna kudekha komweko.

Tinene kuti mlimi wa ku Mitande, ku Mozambique, waberedwa fodya, wakadandaula ku polisi. Sabata isanathe, achibale a woganiziridwa athamangira kukhothi ku Mandimba kuti woweruza aletse kufufuzako. Woweruza wanzeru safulumira. Ku Mozambique ntchito yofufuza imayendetsedwa ndi Ministério Público, ofesi ya oimira boma pa milandu, mothandizidwa ndi SERNIC, bungwe lofufuza milandu lomwe linakhazikitsidwa mu 2017. Woweruza akalowerera msanga, mboni zimatseka pakamwa, fodya uja n'kuwoloka malire pa Chiponde.

Komatu mwambiwu usakhale pobisalira waulesi. Munthu akamangidwa, lamulo limati aonekere kwa woweruza pasanathe maola 48. Mu 2013 Conselho Constitucional, yomwe imaona za malamulo aakulu a dziko, inagamula kuti, kupatula wogwidwa akupalamula, ndi woweruza yekha angalamule kuti munthu asungidwe m'chitokosi podikira mlandu. Apa kudekha kulibe malo. Apolisi afunse mboni, asake umboni, koma munthu ali m'selo tsiku lachitatu woweruza asanamuone, ameneyo khothi limuitanitse lero lomwe.