Pamwamba pa Kachisi, Pamwamba pa Ulalo

Kuwerenga: Mateyu 4:5-7 ndi Deuteronomo 22:8

Pa mayesero atatu amene Yesu anakumana nawo atasala kudya masiku 40, lachiwiri ndilo timalidutsa msanga. La mkate timalimva bwino, pakuti njala tonse timaidziwa. La maufumu a dziko lapansi nalonso silitivuta, chuma ndi ulemu ndani sazifuna? Koma lapakati ndi lachilendo. Mdierekezi anapita ndi Ambuye ku Yerusalemu, nawaimika pansonga penipeni pa Kachisi, nawauza kuti adziponye pansi. Pamenepo panalibe chakudya, panalibe ufumu. Panali kudumpha chabe, kuti zioneke ngati Mulungu angawagwire. Ndipo Kachisi sanali malo obisika, anthu anali kulowa ndi kutuluka tsiku lonse.

Taonani kuchenjera kwake. Sanabwere ndi mankhwala kapena chithumwa, anabwera ndi Baibulo. Anatenga lonjezo la pa Masalmo 91:11-12, lonena za angelo otchinjiriza mwana wa Mulungu kuti angapunthwe pamwala. Mukalinganiza salmo limenelo ndi mau a pa Mateyu 4:6, mudzapeza kuti anadumpha kachigawo kamodzi, kamene kamanena za kusungidwa m'njira zimene munthu akuyendamo. Mulungu analonjeza kusunga ana ake panjira imene Iye wawatuma. Kudziponya pamwamba pa nyumba si njira ya munthu aliyense. Yesu anayankha ndi Deuteronomo 6:16, pamene Mose akuletsa Aisraeli kuyesa Yehova monga anachitira ku Masa, tsiku lija anafuna kuti Mulungu atsimikize kuti alidi pakati pao. Atatero, Ambuye sanadumphe. Iye amene pambuyo pake anayenda pamadzi anakana kudumpha kumene Atate sanamtume.

Yesero limeneli silinathere ku Yerusalemu. Masiku ano lili ndi mtengo wake, ndipo anthu amalipira ndalama zambiri kuti alowemo. M'dziko lathu lomwe lino, ku Livingstone, pali ulalo umene unamalizidwa m'chaka cha 1905, wolumikiza Zambia ndi Zimbabwe kumunsi kwa mathithi a Mosi-oa-Tunya. Pakati pa ulalo umenewo amamumanga munthu chingwe chotamuka kumapazi, iye n'kudziponya chamutu kuphompho la mamita 111. Masewerawo amawatcha bungee. Pa 31 December 2011 mtsikana wina wa ku Australia, wa zaka 22, anadumpha, chingwe n'kuduka. Anagwera mu Zambezi miyendo ili yomangidwa, madzi n'kumukokolola, koma anakwanitsa kufika pamiyala. Anathyoka fupa la paphewa, napita naye kuchipatala ku South Africa. Anapulumuka, ndipo tithokoze Mulungu chifukwa cha mai wake. Patangopita masiku owerengeka, mu January 2012, nduna yoona za alendo ya nthawi imeneyo, a Given Lubinda, anakadumpha pamalo pomwepo pofuna kulimbitsa alendo mtima.

Kumtunda kwa mathithi kuli kadziwe kali pamphepete penipeni, pamene madzi amagwera pansi mamita oposa 100. Madzi akachepa m'chilimwe, anthu amasambiramo n'kusuzumira kuphompho kuti ajambulidwe. Dzina lake ndi Devil's Pool, ndiye kuti dziwe la mdierekezi. Munthu wowerenga Mateyu 4 sangalimve osagwedeza mutu. Kumunsi, m'chigwa cha Batoka, ena amatsika m'mabwato opopa pamadzi olusa ogudubuzika pamiyala.

Tisaname, ambiri amene amachita zimenezi amabwerera kwao ali bwinobwino. Tisaiwalenso kuti pali ana athu amene amadyera pomwepo, operekeza alendo ndi onyamula mabwato kukwera nawo chigwa chija, ndipo ntchito yao ndi yosunga miyoyo ya anthu. Chimene ndifuna tichione ndi pepala. Munthu asanadumphe kapena kukwera bwato, amamupatsa pepala kuti asaine. Mau ake, mwachidule, ndi akuti ndikudziwa kuti ndingavulale kapena kufa, ndipo ndalola ndekha. Pamaso pa malamulo pepalalo lili ndi ntchito yake. Koma Mkhristu ayenera kuima kaye asanagwire cholembera, adzifunse kuti, kodi chimene ndikusainirachi n'changa?

Ife a Reformed yankho tinaliphunzira tili m'kalasi. Katekisma wa Heidelberg, wolembedwa m'chaka cha 1563, akuyamba ndi chitonthozo chakuti thupi ndi mzimu womwe mwini wake ndi Yesu Khristu, amene anatigula ndi mwazi wake. Paulo akunena zomwezo pa 1 Akorinto 6:19-20. Mbuzi ya mwini sugulitsa, ngakhale ikhale m'khola mwako. Ndipo pa Funso 105, pofotokoza lamulo lachisanu ndi chimodzi, Katekisma sakulekera pa kuletsa kupha mnzako. Akuonjeza kuti munthu asadzivulaze yekha, ndiponso asadziike dala pangozi. Ambiri a ife tinaloweza lamuloli n'kumaganiza kuti likunena za achifwamba okha, chikhalirecho likunenanso za mnyamata wa m'kwaya amene amathamangitsa njinga yamoto atakweza gudumu lakutsogolo m'mwamba.

Apa ndiye nkhani yafika pakhomo. Ochuluka a ife sitidzaponda pa ulalo wa ku Livingstone, ndipo ndalama za bungee tikanakhala nazo tikanagula feteleza. Koma mdierekezi sasowa malo aatali oimikapo ana athu. Ku Chipata, ku Katete, ku Petauke njinga zamoto zachuluka, ndipo ndi dalitso, zimafikitsa wodwala kuchipatala. Madzulo ntchito ikatha, anyamata omwewo amapikisana pamsewu, opanda chisoti kumutu, ena atanyamulana atatu. M'matauni muli oyendetsa galimoto mozungulirazungulira mpaka matayala kufuka utsi, khamu litaima pafupi popanda chotchinga. Ana aang'ono amalendewera kumbuyo kwa malole. Mvula ikagwa, maenje amene tinakumbamo dothi la njerwa amadzaza, madamu amasefukira, ndipo anyamata amathamangira kukaonetsana wodumpha patali. Kale wochita zimenezi ankaonedwa ndi anzake asanu. Lero pali foni, ndipo kanema akaikidwa pa Facebook kapena pa TikTok, woonera aliyense amakhala ngati akuti, bwerezanso, koma ukwere pamwamba kuposa paja.

Baibulo likudziwa masewera otere. Pa 2 Samueli 2, ankhondo a Abineri ndi a Yoabu anakumana padziwe la Gibeoni, awa tsidya lino, awo tsidya lina. Abineri anapempha kuti anyamata aimirire asewere pamaso pao, ndipo Yoabu anavomera. Anatuluka 12 mbali iyi, 12 mbali inayo. Aliyense anagwira mnzake kumutu n'kumubaya m'nthiti, ndipo onse 24 anagwera pamodzi. Akuluakulu awiri aja, amene anakhala pansi n'kumaonerera, anadzuka amoyo. Mlembi sakutiuza za amai ao a anyamatawo, koma ife tikudziwa kuti mauthenga a maliro anapita m'makomo 24. Masewera oopsa amafuna oonerera, ndipo woombera m'manja sakhala wopanda mlandu.

Za madzi ndikhalepo pang'ono, chifukwa ndi amene amatilanda ana mwakachetechete. Bungwe loona za umoyo padziko lonse la WHO linanena kuti m'chaka cha 2021 anthu pafupifupi 300,000 anafa pomira, ndipo ochuluka mwa iwo anali ana ndi achinyamata. Mwana womira sakuwa monga timaganizira. Pakamwa pake pamakhala potanganidwa kufuna mpweya, amangotukula mutu n'kumiranso, ndipo anzake angayese kuti akusewera. Mphindi zochepa chabe popanda mpweya zimaononga ubongo. Kudumpha chamutu m'madzi amatope kuli ndi ngozi ina. Pansi sipaoneka, pamene panali pakuya chaka chatha pangakhale mchenga kapena chitsa chaka chino. Mutu ukagunda, khosi limathyoka, ndipo mtsempha waukulu wa mumsana ukaonongeka munthu angafe ziwalo kuyambira m'khosi mpaka kumapazi moyo wake wonse. Amene adzamtembenuza pamphasa, kumsambitsa ndi kumdyetsa kwa zaka zonsezo ndi inu, amai. Anzake ojambula aja adzabwera sabata yoyamba.

Wina anena kuti, nanga Mulungu satisunga? Tsiku lako likakwana lakwana, ngakhale ugone m'nyumba. Mau amenewa timawakonda pamaliro, ndipo muli choona m'kati mwake, pakuti masiku athu ali m'dzanja la Mulungu. Koma ndi choona chomwecho chimene mdierekezi anagwiritsa ntchito pamwamba pa Kachisi. Mulungu amene amadziwa masiku athu ndi yemweyo amene analamula pa Deuteronomo 22:8 kuti womanga nyumba yatsopano amange kampanda kuzungulira denga. Madenga a ku Israeli anali afulati, anthu ankachezapo, kuyanikapo zinthu, ngakhale kugonapo. Mulungu sanati angelo adzagwira wogwa. Anati mwini nyumba amange, ndipo akapanda kumanga, mwazi wa wogwayo udzakhala panyumba pake. Chisoti cha wokwera njinga yamoto ndi kampanda kameneko. Chivundikiro cha pachitsime ndi kampanda kameneko. Kukana kupereka makiyi kwa mwana amene wamwa, nakonso ndi komweko.

Musandimve ngati ndikuti Mkhristu akhale wamantha, kapena kuti titsekere ana m'nyumba. Paulo anauza Timoteo kuti kulimbitsa thupi kuli ndi phindu lake, ndipo iye mwini ankakonda kupereka zitsanzo za othamanga pa liwiro. Mpira asewere, athamange, akwere njinga, ndipo kusambira aphunzitsidwe bwino ndi munthu wamkulu wodziwa, pamalo odziwika kuya kwake, chifukwa mwana wodziwa kusambira ndi wotetezeka kuposa amene amangoletsedwa. Mnyamata ali ndi moto m'thupi, ndipo motowo anauika ndi Mulungu. Ngati mpingo sumupatsa chinthu chovuta choti achite, msewu udzamupatsa.

Ndipotu Malembo amalemekeza anthu amene anaika moyo wao pangozi. Anamwino aja a ku Ejipito, Sifra ndi Puwa, ananyoza lamulo la Farao kuti ana aamuna akhale ndi moyo. Estere analowa kwa mfumu osaitanidwa, akudziwa kuti chilango chake ndi imfa. Pa Aroma 16:3-4 Paulo akuyamikira Priska ndi mwamuna wake Akula chifukwa anatsala pang'ono kuphedwa pofuna kumupulumutsa, ndipo pa Afilipi 2:30 akunena za Epafrodito amene anafika pafupi ndi imfa pa ntchito ya Khristu. Onsewa mukawafunsa kuti munachitiranji, angakulozereni munthu amene anapulumuka chifukwa cha iwo. Msodzi wa pa Kariba ndi bambo wotsika mumgodi ku Copperbelt angakulozereni ana amene akudya. Wodumpha kuti ajambulidwe angakulozereni ndani? Yesu yemwe anakana kudziponya pa Kachisi ndi amene anayenda ndi mapazi ake kupita ku Gologota. Moyo wake sanauumire, koma sanafune kuutaya pa chionetsero.

Ndikudziwa kuti pakati pa owerenga pali mai amene anaika kale mwana m'manda chifukwa cha damu kapena njinga. Mai, mau awa sanalembedwe kuti akutonyoleni pabala. Pamene nsanja ya ku Siloamu inagwa n'kupha anthu 18, Ambuye anakana kuti ofawo anali ochimwa kuposa ena, werengani Luka 13:4-5. Ndipo pamene Utiko anagwa pazenera la nyumba yosanja ku Trowa, tulo titamugwira, Paulo sanayambe n'kufunsa amene anamulola kukhala pamenepo. Anatsika, namfungatira. Ife a Chigwirizano tikafika pakhomo lotere, mafunso akuti munali kuti tiwasiye kunjira. Titunge madzi, tiphike, tikhale pansi.

Kwa amene ana athu akadali nafe, pali zinthu zochepa zoyenera kuwauza ndi pakamwa pathu, osadikira aphunzitsi. Mnzao akamamira, asadziponyemo ngati sanaphunzire kupulumutsa, chifukwa womira amakakamira ndi mphamvu yoopsa ndipo kawirikawiri amamira awiri. Akuwe, amuponyere chingwe, mtengo wautali, chitenje kapena chigubu chotseka bwino. Munthu akagwa pa njinga kapena mumtengo n'kumadandaula khosi, kapena osamva miyendo yake, asamudzutse kapena kumunyamula chopinda. Mutu ndi khosi zigwiridwe zisagwedezeke, agonekedwe pa chinthu cholimba ngati chitseko, apite kuchipatala. Wogunda mutu amene akusanza kapena kuodzera asauzidwe kuti akagone kunyumba, ngakhale bala lisaoneke.

Mwana wa mnzako ngwako yemwe. Mukaona ana a kwa aneba akulunjika kudamu, musati si anga. Ndipo mvula ya November isanayambe, chigawo chilichonse chisankhe azimai awiri kapena atatu ayende m'mudzi kapena m'komboni, awerenge maenje a njerwa ndi zitsime zosavundikira, ayambire pa maenje amene tinakumba pomanga tchalitchi chathu. Akatero akatule nkhaniyo kwa akulu a mpingo ndi kwa amfumu, ndipo azibambo abwere ndi makasu.