Kodi Mphepo Ingasenze Mlandu wa Munthu?

Pali dziko lina la m'maganizo, losapezeka pa mapu aliwonse, komwe akatswiri a sayansi amaphunzitsa kuti nzeru za munthu sizibadwira m'mutu mwake. Iwo amati maganizo onse amayenda mumphepo monga momwe mungu umaulukira m'munda wa chimanga, ndipo munthu akamapuma amakoka maganizowo pamodzi ndi mpweya. Malinga ndi chiphunzitsochi, mphepo ya mwera imadza ndi mkwiyo, ya mpoto imabweretsa chisoni, pomwe ya vuma imadzutsa chifundo. Motero pabwalo la mudzi uliwonse pamakhala mbendera yaitali, ndipo mlembi amalemba m'kaundula komwe mphepo yalowera kuyambira m'mawa mpaka usiku.

Tsiku lina m'dzikomo munthu wina adatentha nkhokwe ya mnzake. Atafika pabwalo la milandu sadakane, koma adati usiku umenewo kunkawomba mwera, choncho mkwiyo womwe udamugwira sudali wake. Oweruza atatsegula kaundula adapeza kuti kudalidi mwera, ndipo adamumasula. Mwini nkhokwe adangofunsa funso limodzi: ngati mwera womwewo udawombanso pakhomo pake, nanga bwanji iye sadatenthe kanthu? Akatswiri aja adasowa poyankha.

Ngakhale dzikoli ndi lopeka, ganizo lakuti nzeru ndi mpweya lidakhalapodi kalekale. M'zaka za m'ma 500 Khristu asanabadwe, Anaximenes wa mumzinda wa Miletus, womwe mabwinja ake ali m'dziko la Turkey lero, ankaphunzitsa kuti zinthu zonse zidachokera ku mpweya, ndiponso kuti mzimu wa munthu ndi mpweya. Pambuyo pake Diogenes wa ku Apollonia adanena kuti munthu amaganiza bwino ndi mpweya woyera ndi wouma, ndipo kuti chinyontho chimaphimba nzeru. N'chifukwa chake, iye ankatero, woledzera salongosola zinthu. M'chaka cha 423 Khristu asanabadwe, mlembi wa masewero Aristophanes adaseka maganizo otere poonetsa Socrates atapachikika m'dengu m'mwamba kuti nzeru zake zisakanikirane ndi mpweya. Zilankhulo nazo zidasunga ganizoli. Mawu a Chigiriki akuti pneuma ndi a Chihebri akuti ruach amatanthauza mphepo, mpweya komanso mzimu.

Anthu akalewo sadali opusa. Iwo adaona kuti munthu akasiya kupuma amasiyanso kuzindikira, ndipo pamenepa adalondola. M'chaka cha 1774 Joseph Priestley wa ku England adapatula mpweya womwe Antoine Lavoisier wa ku France adautcha okosijeni. Lero n'zodziwika kuti mpweya umenewu ndi magawo pafupifupi 21 pa 100 alionse a mpweya womwe anthu amapuma, ndipo ubongo, ngakhale kuti umangolemera magawo 2 pa 100 a thupi lonse, umagwiritsa ntchito pafupifupi magawo 20 pa 100 a okosijeni yemwe thupi limalandira. Ubongo ukasowa mpweyawu kwa mphindi zowerengeka umayamba kuwonongeka. Komabe kusowa chinthu kuti ugwire ntchito n'kosiyana ndi kulamulidwa nacho. Moto umafuna nkhuni, koma nkhuni sizisankha ngati motowo uphike nsima kapena utenthe nyumba.

Apa ndi pomwe akatswiri a dziko lija adasokera. Ngakhale chiphunzitso chawo chikadakhala choona, kuti mkwiyo umalowadi m'mphuno ndi mwera, funso la mwini nkhokwe likadatsalabe. Ganizo loipa lingamufikire munthu iye osaliitana, monga momwe fumbi limalowera m'maso, koma pakati pa ganizo ndi ntchito pali mtunda wautali. Wotentha nkhokwe uja adayenera kudzuka, kupala moto, kuyenda mumdima ndi kuusonkhezera pa udzu. Pa sitepe iliyonse akadatha kubwerera. Asodzi a panyanja ya Malawi amaudziwa bwino mwera womwe umawomba m'nyengo yozizira. Palibe msodzi amene angauletse, koma aliyense amasankha yekha kukankhira bwato m'madzi kapena kulisiya pamchenga, ndipo wotengera ana pamafunde otere sangaloze chala mphepo.

Mwina wina angatsutse ponena kuti pali anthu omwe mphepo yawo ndi yamphamvu kuposa ya anzawo: wodwala misala, mwana wamng'ono, kapena wokakamizidwa ndi mfuti. Zimenezi n'zoona, ndipo n'chifukwa chake mabwalo a milandu amayamba aona ngati wolakwa ankazindikira chomwe ankachita. Chifundo chotere n'choyenera. Choopsa ndi kuchisandutsa chofunda cha aliyense. M'dziko lopeka lija, chigamulo chitangomveka, onse osunga mangawa adayamba kuyang'ana mbendera n'kumadikira mwera kuti abwezere adani awo. Chiphunzitso chomwe chidayamba pofuna kufotokoza nzeru za munthu chidathera pomulanda ulemu, pakuti amene alibe mlandu pa zoipa zake alibenso chiyamiko pa zabwino zake. Mayi wodyetsa ana amasiye sakadathokozedwa. Anthu akadangoti kudali vuma.

Nkhaniyi siili kutali ndi moyo wa masiku onse. Wina akamenya mkazi wake amati udali mowa, wina akabera mayeso amati adamunyenga ndi anzake, winanso akaba ndalama za gulu amati ndi Satana. Onsewa akuloza mbendera ya pabwalo. Mowa, anzake ndi umphawi zimakankhadi munthu, ndipo n'kwanzeru kuzipewa kapena kulimbana nazo, koma dzanja lomwe lidachita ntchitoyo lili ndi mwini wake. Akuluakulu adati mlandu suola. Mwera ukaleka kuwomba, phulusa la nkhokwe limakhala lidakalipo, ndipo wofunika kuimanganso ndi yemwe adapala moto uja.