Muyeso wa Maso

Pafupi ndi caka ca 150, mu mzinda wa Alexandria m'dziko la Egypt, munali munthu wanzeru dzina lace Ptolemy. Iye analemba nyenyezi zoposa 1,000 m'buku lace lochedwa Almagest, pogwiritsanso nchito zimene Hipparchus anasiya zaka pafupifupi 300 m'mbuyomo. Popeza masiku amenewo kunalibe galasi loonera kutali, anayesa kuwala kwa nyenyezizo ndi maso okha, nazigawa m'magulu asanu ndi limodzi. Zowala koposa anaziika m'gulu loyamba, ndipo zooneka mobvuta m'gulu lotsiriza.

Motero Sirius, imene iposa zinzace zonse kuwala usiku, inalowa m'gulu loyamba, koma Deneb inalowa m'laciwiri. Panapita zaka zambiri anthu asanathe kuyesa kutalika kwa nyenyezi, kufikira Friedrich Bessel anayesa kwa imodzi mu 1838. Tsopano kwadziwika kuti kuunika kwa Sirius kufika pa dziko lapansi m'zaka zosakwana 9, pamene kwa Deneb kuyenda zaka zoposa 1,000. Zikadakhala pa mtunda umodzi, Deneb ikadaposa Sirius kuwala nthawi zoposa 1,000. Muuni wa udzu uli pakhomo uoneka wowala koposa lupsya limene likuocha phiri lakutali.

Kodi tsono Ptolemy ananama? Iai. Analemba mokhulupirika cimene maso ace anaona, ndipo nchito yace inakhala maziko. Mu 1856 Norman Pogson anakonza muyesowo, naika lamulo lakuti gulu loyamba liposa lacisanu ndi cimodzi nthawi 100, ndipo akatswiri augwiritsabe nchito. Wolakwa ndiye amene aganiza kuti muyeso wa maonekedwe unena zonse za nyenyezi.

Anthu nawonso aikidwa m'magulu: pa mayeso a sukulu, pa nchito, ngakhale m'mudzi. Miyeso yotereyi siyenera kunyozedwa, pakuti popanda iyo cilungamo cikadacepa. Koma kawirikawiri wochuka ndiye amene ali pafupi ndi maso a oweruza, ndipo wina wakhama, wokhala kutali, aoneka wamng'ono. Cifukwa cace woikidwa patsogolo asadzikuze, ndipo wotsalira asataye mtima. Iye amene apatsidwa udindo woyesa anzace ayenera kulemba moona cimene waona, monga anacitira Ptolemy, ndi kufunsanso cimene Ptolemy analibe njira yoyesera: kodi munthuyu waima patali motani?