Paulo Woyera, Mlendo ku Korinto

Ca m'caka ca 50, Paulo Woyera adafika ku Korinto ali yekha, kucokera ku Atene kumene anthu ophunzira adamseka atamva za kuuka kwa akufa. Korinto unali mzinda wa malonda, wokhala ndi madooko awiri, lina kuvuma, lina kuzambwe. Mlendo wosadziwa njira akadangosokera pakati pa amalinyero, akapolo ndi akacisi a mafano.

Koma Mulungu adali atamkonzera kale eni khomo, Akwila ndi mkazi wace Prisila. Iwowa adafika mumzindamo Paulo asanabwere, Mfumu Klaudio atapitikitsa Ayuda ku Roma. Nchito yao inali yosoka mahema, yomwenso Paulo ankaidziwa, ndipo adakhala nao nagwira nao nchito pamodzi.

Taonani, Akristu okondedwa, sukulu imene Mtumwi wamkuluyu adalowa! Pa khomo la amisiriwa pankafika anthu a mitundu yonse, ndipo amene adakhalapo pa khonde la telala adziwa kuti nkhani za m'mudzi zimathera pomwepo. Apo mlendo amamva zimene eni mzinda amadya, zimene amaopa ndi zimene amakangana.

Makalata ace aonetsa kuti adaona zambiri. Adadziwa kuti nyama ina ya pa msika inali itayamba yaperekedwa nsembe kwa mafano, ndi kuti Mkristu woitanidwa ku cakudya kwa mnansi wace wacikunja ankavutika mumtima: adye kapena akane? Akakana, cibale catha. Akadya, mbale wofooka aphunthwa. Paulo sadayankhe ngati munthu wongomva zakutali. Adalola kugula nyama pa msika osafunsafunsa, koma adalangiza kuileka ngati kudyako kungagwetse mnzako. Adadziwanso za mipikisano imene inkacitika pafupi ndi mzindawo zaka ziwiri zirizonse, ndipo pophunzitsa za moyo wosatha adakumbutsa Akorinto za othamanga olimbirana nsangamutu ya masamba ofota. Akatekisti amene amayenda ndi wansembe watsopano m'midzi, namuuza kumene kuli odwala ndi kumene kuli milandu, aidziwa nchito imeneyi.

Paulo adakhala ku Korinto caka ndi miyezi 6. Pocoka adatenga Akwila ndi Prisila mpaka ku Efeso, ndipo patapita zaka, polembera Akristu a ku Roma, adawathokoza awiriwa cifukwa adaika moyo wao pa ngozi kuti ampulumutse.