Kodi mphepo iganiza?

Tiyeni timange dziko, monga acitira olemba nthano za maiko amene kulibe. M'dziko limenelo akatswiri a sayansi apeza kuti maganizo sakhala m'mutu. Akhala mumphepo. Mutu wa munthu uli ngati citoliro: mphepo ikapitamo ulira, ikaleka ungokhala bango louma. Tsiku lopanda mphepo ana salemba mayeso. Woweruza sayamba mlandu asanafunse kumene mphepo inali kucokera usiku wa umbavawo, pakuti mbala ingathe kunena kuti ganizo la kuba silinali lake, linabwera ndi mphepo ya kummawa.

Nthanoyi ine sindiiona yacilendo. Kuno ku Nangongwe phazi limodzi tinapondamo kale. Mu August, kamvulumvulu akadzuka pamsewu n'kunyamula mapepala ndi mapulasitiki, alipo amene apatuka, ndipo si fumbi cabe limene athawa. Mwana akagwa n'kuyamba kuphupha, wina anong'ona kuti yamupeza mphepo yoipa. Anzathu Atonga ali ndi liwu limodzi, muuya, la mpweya umene tipuma ndi la mzimu womwe. Ahebri anali ndi ruach, Agiriki pneuma, ndipo mawu awiriwa nawonso anyamula mphepo ndi mzimu m'thumba limodzi.

Anthu amenewa sanali opusa. Aliyense amene anakhalapo pambali pa munthu womwalira adziwa cimene cicoka. Maso alipo, manja alipo, cipsera ca paubwana cilipo. Casowa ndi mpweya, ndipo pamodzi nawo wapita uja anali kukudziwani dzina. Cinthu cosaoneka, cogwedeza mitengo popanda manja, colowa ndi kutuluka mwa ife usana ndi usiku: mukanakhala inu, nyumba ya maganizo mukanaifuna kwina kuti? Anaximenes wa ku Miletus, zaka zoposa 2,500 zapitazo, anaphunzitsa kuti zinthu zonse zicokera mumpweya, ndi kuti moyo wathu ndi mpweya umene utigwirizira pamodzi. Galen, sing'anga wa mafumu a ku Rome, anati m'timphako ta muubongo muli pneuma imene iyendetsa thupi. Ngakhale René Descartes, amene anamwalira mu 1650, anali kuganiza kuti minyewa ndi timapaipi mmene muyenda kamphepo kopepuka zedi. Zinayamba kusintha pamene Luigi Galvani anafalitsa mu 1791 zimene anaona pa miyendo ya acule, yomwe inali kuphiriphitha ikakhudzidwa ndi magetsi. Lero tidziwa kuti muminyewa muyenda timagetsi ndi timankhwala, osati mphepo. Cifukwa cake timagetsi timeneti timveka ngati cisoni kapena kukoma kwa nsomba ya mu Kafue, anzeru akali kukangana mpaka pano.

Tidziwanso kuti mpweya si cinthu cimodzi. Ife a ku Kafue tiyenera kudziwa izi kuposa ena, pakuti fakitale ya Nitrogen Chemicals of Zambia, imene inatsegulidwa mu 1970, inamangidwa kuti itenge nayitrojeni mumpweya n'kupanga feteleza. Pa magawo 100 a mpweya, 78 ndi nayitrojeni, 21 ndi okosijeni. Okosijeniyo ndiye cakudya ca ubongo. Ubongo ulemera ngati magawo 2 cabe pa 100 a thupi lonse, koma udya okosijeni wokwana magawo 20 pa 100. Magazi akaleka kufika kumutu, pa masekondi ngati 10 munthu wakomoka. Conco makolo anagwira cingwe coona: maganizo athu tibwereka kumpweya, ndipo ngongoleyo titenganso pa kupuma kulikonse. Anangophonya kuti mpweya suganiza. Udyetsa cimene ciganiza.

Wina anganene kuti kusiyana kumeneku ndi kwa anthu okhuta, ofuna kutsutsana pa WhatsApp. Ine ndikana. Tengani usiku wa June. Kuzizira kocokera kumtsinje kwalowa mukomboni, malaiti apita, banja lalowetsa mbaula m'cipinda, latseka citseko, laika nsanza m'mipata ya zenera. Malasha akamayaka mopanda mpweya wokwanira atulutsa carbon monoxide. Ilibe fungo, ilibe mtundu, siyabwa m'maso ngati utsi. Ikalowa m'magazi imamatira mmene muyenera kukhala okosijeni, ndipo imamatira kuposa okosijeniyo nthawi zoposa 200. Mutu uyamba kuwawa, cizungulire cibwera, wina asanza. Coopsa koposa ndi ici: ganizo la kudzuka n'kutsegula citseko ndilo liyamba kuzima. Ngati padziko pali mphepo yoipa yoba nzeru za munthu, ndi iyi.

Kukaca, oyandikana nawo aswa citseko. Palibe bala, palibe magazi, dzulo onse anali kuseka. Apa ndi pamene nthano ija ileka kukoma. Mphepo yoganiza iyenera kukhala ndi colinga, ndipo colinga ciyenera kukhala ndi mwini. Funso likhala lakuti: ndani waituma? Ndipo funsoli silisowa yankho mukomboni. Pali agogo ena okhala okha, amaso ofiira ndi utsi wa zaka zambiri. Pali mnansi amene anakangana ndi malemu pa malire a poloti. M'dziko la m'nthano lija mbala inali kutaya mlandu wake pa mphepo. M'dziko lathu mlandu wa mphepo tiusenzetsa munthu. Pamaliro anthu ayang'ana agogo aja m'mbali mwa diso, ndipo mbaula, yozizira tsopano, wina waitulutsa panja kuti aphikirepo tiyi ya olira.